Agnès Varda: mafunso ndi mayankho pa ntchito ya mayi amene ankakunkha ndi kamera

Dzina la Agnès Varda limatchulidwa kwambiri pakati pa anthu okonda mafilimu a ku France, koma amene amawadziwa mayiwa ngati wopanga mafilimu basi amadziwa gawo limodzi lokha la ntchito yawo. Iwo anayamba ndi kujambula zithunzi, kenako analowa m'mafilimu, ndipo atafika zaka 75, msinkhu umene anzawo ambiri anali atapuma kale, anayamba kukonza zionetsero m'nyumba zoonetsera zaluso. M'munsimu muli mafunso amene munthu wofuna kuwadziwa bwino angafunse, pamodzi ndi mayankho ake.

Kodi Agnès Varda anali ndani, ndipo anachokera kuti?

Anabadwa pa 30 Meyi 1928 ku Ixelles, dera la mumzinda wa Brussels m'dziko la Belgium. Bambo awo anali injiniya wochokera m'banja la Chigiriki, pomwe mayi awo anali a ku France. Dzina lawo lobadwa nalo linali Arlette, ndipo la Agnès anadzisankhira okha ali ndi zaka 18. Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse itafika ku Belgium mu 1940, banja lonse linathawira kummwera kwa France, ku tauni ya Sète, kumene linakakhala m'boti lokocheza padoko. Kumeneko mtsikana wa m'tauniyu anazolowera maukonde oyanikidwa padzuwa, fungo la nsomba ndi kalankhulidwe ka asodzi, ndipo zinthu zimenezi zinadzabweranso m'ntchito yawo mpaka ku ukalamba. Pambuyo pake anasamukira ku Paris, kumene anaphunzira mbiri ya zojambulajambula pasukulu ya École du Louvre asanasankhe kuphunzira kujambula zithunzi, ntchito imene munthu akanatha kudyerapo.

Anayamba bwanji kudziwika ngati wojambula zithunzi?

Khomo linawatsegukira kudzera kwa a Jean Vilar, katswiri wa zisudzo yemwenso anali wa ku Sète. Kuyambira mu 1948 a Varda ankajambula zithunzi pachikondwerero cha zisudzo cha ku Avignon, chomwe a Vilar anali atangochiyambitsa, ndipo a Vilar atapatsidwa udindo wotsogolera Théâtre National Populaire mu 1951, mayiwa anakhala wojambula wa gululo kwa zaka pafupifupi khumi. Zithunzi zambiri zimene anthu amakumbukira nazo wochita zisudzo wotchuka Gérard Philipe ali pasiteji zinatuluka m'kamera yawo.

M'chaka chomwecho cha 1951 anapeza malo mumsewu wa Daguerre ku Paris, mashopu awiri akale ogumukagumuka okhala ndi kabwalo pakati, ndipo anawasandutsa nyumba yokhalamo ndi chipinda chotsukira zithunzi. Msewuwu unatchedwa dzina la Louis Daguerre, mmodzi mwa anthu oyamba kutulukira luso lojambula zithunzi, zomwe mayiwa ankazikonda kwambiri. Anakhala pamenepo mpaka imfa yawo. Mu 1954 anapachika zithunzi zawo pamakoma a kabwaloko n'kuitana anthu oyandikana nawo kuti adzaone, ndipo chimenecho chinali chionetsero chawo choyamba. Mu 1957 anapita ku China kukajambula moyo wa anthu wamba.

Zinatheka bwanji kuti munthu wosaphunzira za mafilimu apange filimu yaitali ali ndi zaka 26?

Zinatheka chifukwa sanapemphe chilolezo kwa aliyense. Masiku amenewo ku France munthu ankayenera kukhala wothandizira kwa zaka zambiri asanaloledwe kutsogolera filimu, ndipo akazi ofika pamenepo anali owerengeka. A Varda anakhazikitsa kakampani kawo kotchedwa Tamaris Films mu 1954, anasonkhanitsa ndalama zochepa za chuma chamasiye ndi zobwereka kwa abwenzi, ndipo anagwirizana ndi ogwira nawo ntchito kuti aliyense akhale ndi gawo m'filimuyo m'malo molandira malipiro. Iwo eni ankanena kuti pa nthawiyo anali ataonera mafilimu ochepa kwambiri.

Filimuyo, La Pointe Courte, inatenga dzina la mudzi wa asodzi wa ku Sète kumene inajambulidwa. Muli nkhani ziwiri zoyenda mosinthana. Yoyamba ndi ya mwamuna ndi mkazi amene akukambirana ngati banja lawo lipitirire kapena lithe, ndipo mbali zimenezi anasewera Philippe Noiret ndi Silvia Monfort. Yachiwiri ndi ya asodzi enieni a m'mudzimo, amene akulimbana ndi akuluakulu a zaumoyo owaletsa kusodza m'madzi ena, akuika maliro a mwana, komanso akukonzekera mpikisano wawo wogwetsana m'maboti. Amene analumikiza zithunzi za filimuyi anali Alain Resnais, yemwe anadzakhala wopanga mafilimu wotchuka. Popeza inapangidwa kunja kwa malamulo a ntchitoyi, sinaonetsedwe m'malo ambiri ndipo ndalama sinabweretse, koma olemba mbiri ya mafilimu lero amaiona ngati kalambulabwalo wa zimene zinadzachitika zaka zisanu pambuyo pake.

N'chifukwa chiyani amatchedwa agogo a Nouvelle Vague?

Nouvelle Vague, kutanthauza funde latsopano, ndi dzina la gulu la achinyamata amene anasintha kapangidwe ka mafilimu ku France chakumapeto kwa zaka za m'ma 1950, pojambula m'misewu yeniyeni ndi ndalama zochepa. Filimu yoyamba yaitali ya François Truffaut inatuluka mu 1959, ya Jean-Luc Godard mu 1960, pamene a Varda anali atajambula yawo mu 1954. Ugogowo unachokera pamenepo. Dzinali ndi loseketsa pang'ono, chifukwa mayiwa anasiyana ndi Godard zaka ziwiri zokha ndipo ndi Truffaut zaka zinayi, komanso limabisa mfundo yoti iwo sanali m'gulu la olemba a magazini ya Cahiers du cinéma kumene anyamatawo anachokera. Anzawo enieni anali Alain Resnais ndi Chris Marker, anthu amene mtima wawo unali pa mabuku, ndale ndi mafilimu oonetsa zochitika zenizeni.

Kodi chapadera n'chiyani m'filimu ya Cléo de 5 à 7?

Filimuyi, yomwe inatuluka mu 1962 ndipo inapikisana nawo pachikondwerero chachikulu cha mafilimu cha ku Cannes, imatsatira woimba wachitsikana, Cléo, amene akudikira zotsatira za kuchipatala ndipo akuopa kuti ali ndi khansa. Mphindi za m'filimu zimayenda limodzi ndi mphindi za woonera: nkhani imayamba 5 koloko madzulo pa 21 Juni ndipo imatha cha m'ma 6:30, ngakhale mutu wake umalonjeza 7 koloko. Munthu atatenga mapu a Paris angathe kulondola njira yonse imene Cléo anayenda, wapansi, pa takisi ndi pa basi, kuchokera kwa mayi woombeza ndi makadi mpaka kuchipatala cha Salpêtrière.

Chimene chimaipatsa mphamvu filimuyi chili pakati pake. M'gawo loyamba Cléo, yemwe anasewera ndi Corinne Marchand, ndi munthu woyang'anidwa, ndipo paliponse pali galasi loti adziyang'anirepo. Kenako, atatha kuimba nyimbo yachisoni imene mawu ake analemba a Varda ndipo maimbidwe ake anapeka Michel Legrand, akuvula tsitsi lovala, akuvala diresi lakuda n'kutuluka yekha panja. Kuyambira pamenepo ndiye amene akuyang'ana anthu ena, mpaka kukumana ndi msilikali amene akubwerera ku nkhondo ya ku Algeria usiku womwewo ndipo nayenso akuopa imfa. Apa diso la wojambula zithunzi likuonekera poyera, chifukwa nkhope za anthu odutsa m'misewu zapatsidwa ulemu wofanana ndi nkhope ya mwini filimu. Pa chisankho cha akatswiri chimene magazini ya Sight and Sound inachititsa mu 2022, filimuyi inakhala pa nambala 14 mwa mafilimu opambana a nthawi zonse.

Kodi mafilimu awo ankayenda malonda?

Ambiri ayi. Le Bonheur ya 1965 inalandira mphoto pachikondwerero cha mafilimu cha ku Berlin ndipo inautsa mkangano, popeza imaonetsa mwa mitundu yowala ndi nyimbo zokoma mwamuna amene mkazi wake atamwalira akungoika wina pamalo pake, moyo n'kumapitirira ngati palibe chachitika. Koma Les Créatures ya 1966, ngakhale munali ochita zisudzo otchuka Catherine Deneuve ndi Michel Piccoli, inagwa chagada, ndipo zomwezo zinachitikira Les Cent et Une Nuits mu 1995. Moyo wawo wonse mayiwa ankavutika kupeza ndalama zopangira filimu yotsatira, ndipo ankadandaula poyera kuti mphoto akulandira koma ndalama zogwirira ntchito sakupatsidwa.

Chimene chinawapulumutsa ndi kukhala ndi kampani yawoyawo, yomwe inadzatchedwa Ciné-Tamaris, pakhomo pawo penipeni, komanso luso losandutsa chopinga kukhala njira. Chitsanzo chabwino ndi Daguerréotypes ya 1975. Pa nthawiyo anali ndi mwana wamng'ono ndipo sakanatha kupita kutali, choncho analumikiza chingwe cha magetsi cha mamita 90 kunyumba kwawo n'kudziikira lamulo loti ajambule zokhazo zimene chingwecho chingafike. M'malire amenewo munapezeka wophika buledi, wogulitsa nyama, wometa tsitsi, telala, ndi banja lokalamba logulitsa mafuta onunkhira, limene mayi wake dzuwa likamalowa ankangolunjika kuchitseko ngati akufuna kupita kwinakwake koma osatuluka. Filimu yonse inatuluka m'mamita 90 amenewo.

Anatengako mbali yotani pa ndale ndi pa nkhani za ufulu wa amayi?

Chakumapeto kwa 1962 anapita ku Cuba, ndipo zithunzi zoposa 1,000 zimene anajambula kumeneko anazisanja motsatizana ndi nyimbo n'kupanga filimu yaifupi ya Salut les Cubains, momwe anthu a pazithunzi zosayenda amaoneka ngati akuvina. Mu 1968, akukhala ku Los Angeles ndi amuna awo, a Jacques Demy, ankapita ku Oakland kukajambula misonkhano ya chipani cha Black Panther, chomenyera ufulu wa anthu akuda ku America, yofuna kuti mtsogoleri wake Huey Newton atulutsidwe m'ndende, ndipo wailesi yakanema ya ku France imene inayenera kuonetsa filimuyo inabwerera m'mbuyo.

Mu Epulo 1971 anali mmodzi mwa amayi 343 amene anasaina chikalata chovomera poyera kuti anachotsapo mimba, pa nthawi imene kutero kunali mlandu ku France. Lamulo linasintha mu 1975, ndipo filimu yawo ya L'une chante, l'autre pas ya 1977 imalongosola zaka za kulimbanako kudzera mu ubwenzi wa akazi awiri. Atakalamba sanasiye: mu Meyi 2018 anaima pamasitepe a ku Cannes limodzi ndi wochita zisudzo Cate Blanchett kutsogolera amayi 82, chiwerengero cha mafilimu opangidwa ndi akazi amene anali atalowapo mumpikisano waukulu wa kumeneko chiyambire.

Ndi filimu iti imene inawabweretsera ulemu waukulu koposa?

Ndi Sans toit ni loi ya 1985, mutu umene tanthauzo lake ndi wopanda denga, wopanda lamulo. Inalandira mphoto yaikulu ya Mkango Wagolide pachikondwerero cha mafilimu cha ku Venice, anthu oposa 1 miliyoni anaionera ku France, ndipo Sandrine Bonnaire, wosewera wamkulu m'filimuyo, yemwe anali asanakwanitse zaka 20, analandira César, mphoto yaikulu ya mafilimu ku France. Filimuyi imayamba ndi mtembo wa mtsikana woyendayenda, Mona, wopezeka m'ngalande ya m'munda wa mphesa m'nyengo yozizira. Zotsatira zake ndi maumboni a anthu amene anakumana naye m'masabata ake omaliza, ndipo aliyense pofotokoza za Mona amaulula zambiri za iye mwini. A Varda sanamupange Mona kukhala wokondeka. Ndi waukali, wauve ndiponso wosayamika, ndipo filimuyo sifotokoza chimene chinamuchotsa pakhomo. Kukana kumupepesera kumeneku ndi kumene kumasiya woonera ali ndi funso loti akanatani iye mtsikanayo akanagogoda pakhomo pake.

Kodi banja lawo ndi a Jacques Demy linakhudza bwanji ntchito yawo?

Anakumana mu 1958 pachikondwerero cha mafilimu aafupi ku Tours ndipo anakwatirana mu 1962. A Demy ndi amene anapanga Les Parapluies de Cherbourg, yomwe inapambana ku Cannes mu 1964. Aliyense ankapanga mafilimu ake payekha, ndipo kapangidwe kawo kanali kosiyana kwambiri. A Demy atadwala, anayamba kulemba zimene ankakumbukira za ubwana wawo ku Nantes, ndipo akazi awo anazisandutsa filimu ya Jacquot de Nantes, yojambulidwa m'galaja yeniyeni imene a Demy anakuliramo. Pakati pa nkhaniyo mayiwa anaikamo zithunzi zojambula pafupi kwambiri za khungu, imvi ndi diso la amuna awo, ngati munthu amene akufuna kusunga chilichonse chisanachoke. A Demy anamwalira pa 27 Okutobala 1990, patangopita masiku ochepa kujambula kutatha. Zoti anamwalira ndi Edzi a Varda anadzaziulula okha mu 2008, patapita zaka 18, ndipo zimenezi zikusonyeza kulemera kwa manyazi amene matendawa ankabwera nawo ngakhale ku France. Anapanganso mafilimu ena awiri okumbukira ntchito ya a Demy ndipo anatsogolera ntchito yokonzanso mafilimu awo akale.

Kodi kukunkha kukubwera bwanji m'nkhani ya wopanga mafilimu?

Mawuwa ndi awo omwe. Filimu yawo ya 2000 imatchedwa Les Glaneurs et la Glaneuse, kutanthauza okunkha ndi mayi wokunkha, ndipo mayi wokunkhayo ndi iwo eni. Wowerenga Chichewa safunika kumasuliridwa zambiri pano, chifukwa amadziwa za kutola ngala zotsalira m'munda okolola atadutsa, ndiponso amakumbukira Rute m'munda wa Boazi. A Varda anayambira pa chithunzi chopenta cha Jean-François Millet cha 1857, choonetsa amayi atatu atawerama m'munda, n'kufunsa kuti ndani akuweramabe chotero m'dziko lolemera ngati France.

Ndi kamera yaing'ono ya digito yogwira dzanja limodzi, anayenda dziko lonse ali ndi zaka 71. Anapeza milu ya mbatatesi zabwinobwino zotayidwa kutchire chifukwa ndi zazikulu kwambiri, zazing'ono kwambiri kapena zopindika moti masitolo sangazilandire, ndipo anapeza anthu osauka akubwera ndi matumba kudzatola. Anapeza otola maapulo, mphesa ndi nkhono za m'nyanja, otola mafiriji ndi mipando yotayidwa m'misewu, ndi wophika wotchuka amene amakathyola yekha masamba onunkhiritsa chakudya. Anaimika loya atavala mkanjo wake wakuda pakati pa munda wa kabichi, buku la malamulo lili m'manja, kuti afotokoze kuti lamulo la 1554 limalola kukunkha zokolola zikatha, kuyambira kutuluka kwa dzuwa mpaka kulowa kwake. Munthu amene anawakhudza koposa anali bambo wina wophunzira kwambiri amene ankadya zotsala pamsika wa ku Paris ogulitsa akaweruka, pomwepo ataimirira, ndipo usiku ankaphunzitsa kwaulere kuwerenga ndi kulemba Chifalansa kwa anthu obwera, ambiri a iwo ochokera ku Africa.

Koma filimuyi si ya umphawi wokha. Pamulu wa mbatatesi uja mayiwa anaona ina yooneka ngati mtima, anaipempha, anatolanso zina zotero n'kupita nazo kunyumba. Ali m'galimoto ankapinda zala zawo patsogolo pa kamera ngati akugwira malole odutsa mumsewu. Anajambula dzanja lawo lamakwinya ndi imvi zawo pamene akupesa, ndipo anatola wotchi yopanda mivi n'kuiika pashelefu kunyumba. Tsiku lina anaiwala kuzimitsa kamera, ndipo inajambula chivundikiro chake chikulendewera uku ndi uku. M'malo motaya chigawocho anachiikira nyimbo n'kuchisiya m'filimu. Pali owonera amene amaona kuti masewera oterewa sayenera kukhala pafupi ndi njala ya anthu ena. Kuona kwanga n'kwakuti amateteza filimuyo ku mtima wodzikweza, chifukwa wojambulayo akudziika yekha m'gulu la zinthu zimene dziko layamba kuziona ngati zotha ntchito. Makalata ndi mphatso zimene analandira zinachuluka moti mu 2002 anapanga filimu yachiwiri yobwerera kwa anthu omwewo.

Analowa bwanji m'zionetsero zaluso ali ndi zaka 75?

Mbatatesi zija ndi zimene zinawalowetsa. Anazisunga kunyumba mpaka zinafota n'kuyamba kuphuka, ndipo ankazijambula. Mu 2003 wokonza zionetsero zaluso Hans Ulrich Obrist anawaitana ku chionetsero chachikulu cha zaluso cha ku Venice, ndipo iwo anakonza Patatutopia: makanema atatu oyandikana oonetsa mbatatesi zofotazo ngati zikupuma, ndipo pansi anathirapo makilogalamu 700 a mbatatesi zenizeni. Pofuna kukopa anthu, mayi wokalambayu anavala chovala chooneka ngati mbatatesi n'kumayendayenda nacho pamalopo. Kuyambira pamenepo ankadzitchula kuti ndi wopanga mafilimu wokalamba koma wazaluso wachitsikana.

Ntchito yawo yozama kwambiri ya mtundu umenewu ndi ya amayi amasiye a pachilumba cha Noirmoutier, kumene iwo ndi a Demy anali ndi nyumba. Pakati pa khoma pali kanema wamkulu woonetsa amayi ovala zakuda akuzungulira tebulo pagombe, ndipo m'mbali mwake muli makanema ang'onoang'ono 14, aliyense wa mayi mmodzi akusimba za umasiye wake. Patsogolo pali mipando 14, uliwonse ndi zomvera za m'makutu zake, moti wokhala pampando amamva mayi mmodzi yekha ngakhale akuwaona onse, ndipo kuti amve wina ayenera kunyamuka n'kusintha mpando. A Varda ali m'gulu la amayi 14 amenewo. Apa pakuoneka chifukwa chimene anafunira njira yatsopanoyi: m'holo ya kanema anthu onse amamva chinthu chimodzi pa nthawi imodzi, pamene chisoni cha mayi wamasiye chimanenedwa kwa munthu mmodzi, chapansipansi.

Mu 2006, pachionetsero cha L'Île et Elle ku Fondation Cartier mumzinda wa Paris, anamanga kanyumba kamene makoma ndi denga lake zinali malamba a filimu ya Les Créatures, ija inagwa chagada zaka 40 m'mbuyomo. Munthu akalowamo, kuwala kumadutsa m'tizithunzi tambirimbiri ta Catherine Deneuve ndi Michel Piccoli. Anakatcha kanyumba ka kulephera. Pachionetsero chomwecho panalinso manda a mphaka wawo Zgougou, okongoletsedwa ndi zigoba za m'nyanja ndi maluwa. Mu 2018 anamanganso kanyumba kena ndi malamba a Le Bonheur n'kuikamo mpendadzuwa. Pa nthawiyo maholo a kanema anali atasamukira ku digito, ndipo malamba akalewo anali atasanduka zinyalala zoti munthu akunkhe.

Ndiye tinene kuti anali ndi ntchito zitatu zosiyana?

Iwo eni ankalankhula za miyoyo itatu, koma malire ake ndi ovuta kuwaloza. Chithunzi chimodzi chimene anajambula pagombe mu 1954, choonetsa mwamuna, mwana ndi mbuzi yakufa, chinasanduka filimu ya Ulysse mu 1982, pamene anakafunafuna anthu a pachithunzicho n'kupeza kuti mwanayo, yemwe tsopano anali bambo, sakukumbukira chilichonse cha tsikulo. Filimu inabala mbatatesi za ku Venice, ndipo filimu yolephera inasanduka nyumba. Mu Les Plages d'Agnès ya 2008, mbiri ya moyo wawo imene inalandira César, anaimika magalasi pagombe la ku Belgium, ndipo anathira mchenga mumsewu wa Daguerre n'kutulutsira panja matebulo a ofesi yawo kuti antchito agwire ntchito ngati ali kunyanja, zomwe zili chionetsero, chisudzo ndi filimu pa nthawi imodzi.

Anapeka mawu akuti cinécriture, kulemba ndi kanema, pofuna kunena kuti wopanga filimu salemba ndi mawu a papepala okha ayi, koma ndi kusankha malo, nyengo, kuwala, kayendedwe ka kamera ndi kalumikizidwe ka zithunzi. Ndikaona ntchito yawo yonse, ndimapeza kuti chida ndicho chinkasintha, koma khalidwe linali limodzi: kuwerama n'kutola chimene ena achidutsa, kaya ndi mudzi wa asodzi, mtsikana wa m'ngalande kapena filimu yawo yomwe imene anthu anaikana.

Nanga mgwirizano wawo ndi JR unali wotani?

JR ndi wojambula wa ku France wobadwa mu 1983, wodziwika ndi kumata zithunzi zikuluzikulu za nkhope za anthu pamakoma. Anasiyana ndi a Varda zaka 55. M'filimu ya Visages Villages ya 2017, imene mbali ina ya ndalama zake inasonkhedwa ndi anthu wamba pa intaneti, awiriwa anayenda m'midzi ya ku France pa galimoto yooneka ngati kamera, yomwe inkasindikiza zithunzi pomwepo. Anamata nkhope ya mayi womaliza kukhala m'nyumba zakale za anthu a m'migodi pakhoma la nyumba yake yomwe, mayiyo n'kugwetsa misozi ataiona. Padoko la Le Havre, malo a amuna okhaokha, anamata zithunzi za akazi atatu a ogwira ntchito padokopo pamulu wautali wa makontena. Chithunzi china chimene anamata pachipupa cha nkhondo chogwera pagombe chinakokoloka ndi madzi usiku umodzi wokha.

Pa nthawiyi maso a mayiwa anali atayamba kufooka, ndipo filimuyo sibisa zimenezo. Kumapeto anapita ku Rolle m'dziko la Switzerland kukaona mnzawo wakale Jean-Luc Godard, koma iye sanatsegule chitseko, anangosiya uthenga wolembedwa pagalasi umene unawaliza mayiwa. Pofuna kuwatonthoza, JR anavula magalasi ake akuda amene anakana kuvula ulendo wonse, ndipo kamera ikutionetsa nkhope yake mwachimbuuzi, monga momwe maso a mayiwa ankaionera.

Analandira mphoto zotani chakumapeto kwa moyo wawo?

Mu 2015 anakhala mayi woyamba wotsogolera mafilimu kulandira Palme d'or yaulemu, mphoto yolemekeza ntchito ya moyo wonse ku Cannes, ndipo mu Novembala 2017 anakhala mayi woyamba wotsogolera mafilimu kulandira Oscar yaulemu. Chaka chotsatira Visages Villages inasankhidwa kupikisana nawo pa Oscar iwo ali ndi zaka 89. Atalephera kupita ku phwando la osankhidwawo, JR ananyamula zithunzi zawo zomata pa katoni n'kukaima nazo pakati pa akatswiri a ku Hollywood.

Anamwalira liti, ndipo wofuna kuona ntchito yawo ayambire pati?

Anamwalira ndi khansa kunyumba kwawo ku Paris pa 29 Malichi 2019 ali ndi zaka 90, patangotha mwezi ndi theka ataonetsa filimu yawo yomaliza, Varda par Agnès, pachikondwerero cha ku Berlin. Anaikidwa m'manda a Montparnasse pamodzi ndi a Demy, ndipo anthu opita kumandako amasiyapo mbatatesi. Ana awo, Rosalie Varda ndi Mathieu Demy, ndi amene akusamalira ntchito yawo kudzera ku Ciné-Tamaris, ndipo mu 2023 nyumba yosunga mafilimu ya Cinémathèque française inakonza chionetsero chachikulu cha moyo wawo chotchedwa Viva Varda.

Woyamba kumene ndi bwino ayambe ndi Les Glaneurs et la Glaneuse, chifukwa safunika kudziwa mbiri ya mafilimu a ku France kuti aimve, kenako Cléo de 5 à 7 ndi Sans toit ni loi. La Pointe Courte ndi yoyenda pang'onopang'ono ndipo zokambirana za banja lija zimatopetsa ena, choncho ndi bwino kuisungira pambuyo. Ntchito za m'zionetsero ndiye zovuta kuzipeza, popeza zimafuna kuti munthu akaime m'chipindamo, koma zambiri mwa izo zimaoneka m'mafilimu a Les Plages d'Agnès ndi Varda par Agnès, momwe mwini wake akuzifotokoza yekha.